David Lynch ali mwana wasukulu: chithunzi chomwe chinafuna kuyenda

Funso: Zikomo akatswiri. Ndine mtsikana wophunzira luso lojambula ndi penti, ndipo chaka chino ndayamba kuonera mafilimu a David Lynch. Nditamaliza Blue Velvet ndi Mulholland Drive, mnzanga anandionetsa timafilimu tomwe Lynch anapanga ali pasukulu. Ndinadabwa kwambiri: anthu akusanza, mwana akulira, mdima wokhawokha. Olemba za mafilimu amati zonse zomwe anadzachita pambuyo pake zinali kale m'timafilimu timeneti. Kodi n'zoona, kapena amangokokomeza poti munthuyo anatchuka?

Yankho: Achemwali, funsoli mwalifunsa muli pamalo abwino, chifukwa munthu wogwira burashi tsiku ndi tsiku amamumva Lynch msanga kuposa wozolowera kulemba nkhani. Olemba aja sakunama, koma mawu oti "zonse" apitirira nawo. Chomwe Lynch anatuluka nacho m'zaka za sukulu si nkhokwe ya zizindikiro zoti azingotapamo moyo wake wonse. Anatuluka ndi kagwiridwe ka ntchito. Iye ankayamba ndi chithunzi pamodzi ndi kamvekedwe kake, nkhani n'kumatsatira m'mbuyo. Ankaumba zinthu ndi manja ake. Chinthu chikalakwika ankayamba wachiyang'anitsitsa asanachitaye. Anatulukanso ndi anthu angapo amene anayenda naye zaka zambirimbiri.

Mnyamatayu sankafuna n'komwe kukhala wopanga mafilimu. Anabadwa mu 1946 ku Missoula, m'chigawo cha Montana ku America. Bambo ake anali wasayansi wofufuza za mitengo mu unduna wa zaulimi, choncho banja linkasamukasamuka, ndipo ubwana wake anauthera m'matauni abata a kapinga wotchetcha bwino monga Boise. Ali ku sekondale ku Alexandria, m'chigawo cha Virginia, anadziwana ndi Bushnell Keeler, bambo a mnzake, amene ntchito yawo inali kupenta zithunzi. Kufikira tsiku limenelo sankadziwa kuti munthu wamkulu angadyere burashi. Anayesa sukulu ya zaluso ku Boston n'kuisiya patatha chaka. Anapita ku Ulaya ndi mnzake Jack Fisk akuganiza zokakhalako zaka zitatu, koma anabwerera patangotha masiku 15. Mu 1966 analowa Pennsylvania Academy of the Fine Arts ku Philadelphia, sukulu yakale yokhazikitsidwa mu 1805.

Mzinda umenewo unamulowa m'mafupa. Poyamba ankakhala m'dera la mafakitale, la makoma odetsedwa ndi utsi, pafupi ndi nyumba yachisoni ya mzindawo. Kenako iye ndi mkazi wake Peggy anagula nyumba ya zipinda 12 pa madola 3,500 okha, yotchipa chifukwa dera lake linali loopsa, ndipo akuba anawathyolera kangapo. Mpaka ukalamba wake ankanena kuti palibe chinamuumba kuposa Philadelphia ndi mantha omwe ankakhala nawo kumeneko. Mukaika kapinga wa ku Boise ndi mantha a ku Philadelphia pamodzi, mwapeza chiyambi cha Blue Velvet ya 1986 chomwe mwaonera chija: mpanda woyera, maluwa ofiira, bambo akuthirira kapinga n'kugwa mwadzidzidzi, kamera n'kulowa pansi pa udzu pomwe tizilombo takuda tikupiringizana.

Mmene anagwera m'mafilimu anafotokoza yekha kambirimbiri. Tsiku lina pasukulupo ankapenta munda wa usiku, chinsalu chonse chili bii, masamba obiriwira akungosuzumira mumdimamo. Akuyang'ana choncho anamva ngati mphepo ikutuluka m'chithunzimo, ndipo masamba anaoneka ngati agwedezeka. Ganizo lomwe linamubwerera silinali lofotokoza nkhani. Linali loti chithunzi chingathe kuyenda, ndipo chingathe kukhala ndi phokoso lakelake. Taonani kuti mphepo inalipo kale pa tsiku loyambalo, filimu isanapangidwe ngakhale imodzi.

Chomwe chinabadwa pa ganizo limeneli ndi Six Men Getting Sick ya 1967. Anagula kamera yotchipa ya 16mm yotha kutola chithunzi chimodzichimodzi, ndipo ankapenta pang'ono, kutola, kupentanso, kutolanso, monga amapangira makatuni. Ntchito yonse inadya madola pafupifupi 200. Chomwe simungachione pa foni n'chakuti filimuyi sinkaonetsedwa pa chinsalu chosalala. Fisk anamuthandiza kuumba mitu itatu ya pulasitala kuchokera pa nkhope ya Lynch yemweyo, n'kuimata pa bolodi lalikulu, ndipo pulojekita inkawalitsa zithunzi pamitu yotumphukayo. Anthu asanu ndi mmodzi, mimba zikudzaza, moto ukubuka, onse n'kusanza. Kenako zonse n'kuyambiranso, mphindi imodzi yomweyo mobwerezabwereza, sayirini ikulira osapuma. Inapambana mphoto yoyamba pa mpikisano wa pachaka wa sukuluyo, mogawana ndi wophunzira wina. Unali mpikisano wa ojambula, osati wa opanga mafilimu, ndipo Lynch ankaiona ntchitoyi ngati chithunzi basi.

Kusanza komwe kunakudabwitsani kuli ndi chifukwa chake. Kwa munthu wa penti, thupi ndi chinthu chokhala ndi khungu, madzi, mitundu ndi makwinya, chimodzimodzi penti wokhuthala pa chinsalu. Lynch ankakonda kwambiri Francis Bacon, amene zithunzi zake za matupi opotoka anakaziona ku New York mu 1968. Ankayang'ana chilonda kapena chinthu chowola mmene inu mungayang'anire khungwa la mtengo, kufuna kuona kalukidwe kake asanafunse dzina lake. Khutu lodulidwa lomwe mnyamata amalipeza pa tchire mu Blue Velvet, nyerere zikuyendapo, linajambulidwa ndi diso lomwelo. Kubwerezabwereza kujanso sikunathere pasukulu. Lost Highway ya 1997 imathera pomwe inayambira, ndipo mu Mulholland Drive nkhope zomwezo zimabweranso zili ndi mayina ena. Chithunzi cha pakhoma chilibe poyambira kapena pothera, ndipo ndikuona kuti Lynch sanavomerepo ndi mtima wonse kuti filimu iyenera kukhala nazo.

Chotsatira chinali tsoka lomwe linamutsegulira njira. Wophunzira mnzake wina wopeza bwino, H. Barton Wasserman, anamulonjeza madola 1,000 kuti amupangire ntchito yofanana ndi yoyamba ija yoti akaike kunyumba kwake. Lynch anagula kamera ya Bolex yogwiritsidwapo kale ntchito, anajambula kwa miyezi iwiri, koma filimu itatsukidwa panangotuluka chimbuuzi chokhachokha. Wasserman anamuuza kuti ndalama zotsalazo achite nazo zomwe akufuna. Ndi mmene inabadwira The Alphabet ya 1968, ya mphindi zinayi. Ganizo lake linachokera kwa Peggy, amene anamuuza za kamtsikana ka pachibale pawo komwe kankatchula zilembo za alifabeti kali m'tulo, kakuvutika ndi maloto oipa. Peggy yemweyo ndiye akusewera, nkhope yopakidwa zoyera, ali pabedi pakati pa mdima, ndipo pomaliza magazi akumwazika pa nsalu zoyera. Apa munthu wamoyo analowa m'chithunzi cha Lynch, mosakanikirana ndi zopenta.

Kulira kwa mwana komwe munamva ndi kwa Jennifer, mwana wawo wakhanda. Lynch anakujambula pa tepi rekoda ya Uher yomwe inali yowonongeka, ndipo mawu anatuluka opotoka. Anawakonda choncho, n'kuwasiya. Khalidwe limeneli ndi limodzi mwa zinthu zomwe ndinganene motsimikiza kuti zinachokera m'zaka zimenezi n'kukafika kumapeto. Pojambula gawo loyamba la Twin Peaks, sewero lake la pa TV, lomwe linaonetsedwa mu 1990, getsi la m'chipinda choyezera mtembo linkangophethira chifukwa linali lowonongeka, ndipo Lynch analetsa kulikonza. Frank Silva, amene ntchito yake inali kukonza katundu wa m'zipinda zojambulira, anaoneka mwangozi pa galasi kumbuyo kwa wosewera. Wogwira kamera anafuna kuti abwereze, koma Lynch anasunga chithunzicho, ndipo Silva anasanduka BOB, chiwanda cha nkhani yonseyo. Munthu wa penti amadziwa kuti dontho logwa mosayembekezera nthawi zina limaposa zomwe dzanja linkafuna.

Tsopano tifike pa filimu yomwe ine ndimaiona kuti ndi yofunika kuposa zinzake, The Grandmother ya 1970. Pa nthawiyi anali atasiya kale sukulu ya ku Philadelphia, choncho kunena mosamala iyi ndi The Alphabet si ntchito za m'kalasi, ngakhale anthu amaziwerengera pamodzi. Bushnell Keeler uja ndiye anamuuza za bungwe latsopano la American Film Institute, lomwe linkapereka thandizo kwa opanga mafilimu ongoyamba kumene. Lynch anatumiza The Alphabet ndi nkhani yolemba, ndipo anapatsidwa madola 5,000, omwe pambuyo pake anawonjezeredwa kufika pa 7,200. Situdiyo analibe, choncho anapenta makoma ndi denga la zipinda za m'nyumba mwake ndi penti wakuda, n'kupaka osewera zoyera kumaso, kuti anthu ndi mipando zizingotumphuka mumdima monga masamba a m'munda uja.

Nkhani yake ndi yopweteka. Mnyamata ali ndi makolo omwe salankhula koma kuuwa ngati agalu. Amakodza pogona, ndipo bambo ake amamukanikiza nkhope pa chonyowacho. Tsiku lina akupeza thumba la mbewu m'chipinda cham'mwamba, akuthira dothi pabedi, akubzala, akuthirira, ndipo pakumera chinthu chachikulu chonyansa chomwe chikubereka gogo. Gogoyo amamumwetulira, amamukumbatira, kenako amadwala n'kumwalira. M'mphindi 34 zimenezi muli zinthu zomwe munalibe m'timafilimu tiwiri toyamba: nyumba ya banja ngati malo oopsa, mwana wozunzidwa ndi omubereka, ndi chikondi chochokera komwe simungachiyembekezere. Laura Palmer, mtsikana wophedwa wa mu Twin Peaks, ali ngati m'bale wake wa mnyamata ameneyu. Ndipo anthu amene amadabwa kuti munthu wa zoopsa anatha bwanji kupanga The Straight Story ya 1999, nkhani yofatsa ya mkulu wokalamba woyenda ulendo wautali pa kathirakitala kotchetchera kapinga kukaona m'bale wake wodwala, sanamuyang'anitsitse gogo uja. Chifundo chinalimo kuyambira kale, ndipo chimandikhudza kwambiri kuti chinatulukira m'filimu yamdima chonchi.

Pa filimu yomweyi ndi pomwe anakumana ndi Alan Splet, amene ankakonza mawu pa kampani ina yaing'ono ya mafilimu ku Philadelphia. Awiriwa sanakhutire ndi maphokoso ojambulidwa kale omwe kampaniyo inkasunga, choncho anakhala miyezi iwiri akupanga awoawo ndi zinthu wamba, kuwachedwetsa, kuwafulumizitsa, kuwasanjikiza. Apa ndi pomwe panabadwira mkokomo wapansipansi womwe umamveka m'zipinda za Lynch ngakhale pamene palibe chikuchitika. Uli ngati chigayo cholira chapatali, chomwe mumangozindikira kuti chimalira pamene chazima. Mkokomowu ndi umene umachititsa kuti khonde lopanda munthu likuopseni musanaone chilichonse. Splet anapitiriza naye pa Eraserhead, The Elephant Man, Dune ndi Blue Velvet. Anamwalira mu 1994, koma pofika nthawiyo Lynch anali atayamba kuyendetsa yekha ntchito yokonza mawu.

The Grandmother inamutsegulira khomo la sukulu ya American Film Institute ku Los Angeles, komwe anasamukira mu 1970. Eraserhead ndiyo inali ntchito yake ya pasukulupo. Nkhani yolemba inali ya masamba 21 okha, ndipo akuluakulu ena anaganiza kuti ikhala filimu ya mphindi 21. Kujambula kunayamba mu 1972 m'makola akale a akavalo a nyumba ya Greystone, nthawi zambiri usiku, ndipo filimu inatuluka mu 1977. Ndalama zinkatha n'kuimitsa ntchito. Lynch ankagawa nyuzipepala ya Wall Street Journal usiku, kwa kanthawi ankagona m'chipinda chomwecho chojambuliramo, ndipo Fisk ndi mkazi wake Sissy Spacek ankathandiza ndi ndalama. Ngakhale inajambulidwa ku California, dziko lake ndi Philadelphia: mapaipi, nthunzi, magetsi othetheka. Henry, mwini nkhani, ndi wogwira ntchito yosindikiza, monga Lynch ankachitira kumeneko. Pambali pa bedi lake pali mulu wa dothi wokhala ndi kanthambi kouma, wopanda mphika, ndipo mukaonera The Grandmother mudzadziwa komwe dothilo linachokera. Khanda lodwala lomwe lili pakati pa nkhaniyo linaumbidwa ndi manja, ndipo Lynch anamwalira mu Januwale 2025 asanaulule kuti analipanga ndi chiyani.

Mu Eraserhead muli zinthu ziwiri zomwe mudzazizindikira msanga. Pansi pa chipinda cholowera m'nyumba ya Henry pali mizere yokhotakhota yakuda ndi yoyera, yomwe inadzabweranso m'chipinda cha makatani ofiira mu Twin Peaks. Ndipo mkati mwa chitsulo chotenthetsera m'nyumba muli kasiteji komwe mayi wa masaya otupa amaimbapo. Siteji mkati mwa filimu, woimba ataima pa kuwala, omvera akugwidwa ndi chinthu chomwe sangachitchule: mwaiona mu Blue Velvet, mwaionanso ku Club Silencio mu Mulholland Drive.

Anthu nawonso anapitirira naye. Jack Nance, amene anasewera Henry, anaoneka pafupifupi m'filimu iliyonse ya Lynch mpaka Lost Highway. Catherine Coulson, amene ankathandiza pa kamera ndi ntchito zina zambiri pa Eraserhead, anadzakhala mayi wonyamula chipika mu Twin Peaks. Frederick Elmes, wogwira kamera wa Eraserhead, anagwiranso kamera pa Blue Velvet ndi Wild at Heart, yomwe inapambana Palme d'Or, mphoto yaikulu ya chikondwerero cha mafilimu cha ku Cannes, mu 1990. Fisk, mnzake wa ku sekondale uja, ndiye anakonza maonekedwe a malo mu The Straight Story ndi Mulholland Drive. Zomwe timati sitayilo ya munthu mmodzi nthawi zambiri zimakhala kumvana kwa kagulu komwe kanazolowerana pa nthawi ya umphawi.

Nanga n'chiyani chomwe munalibe? Choyamba ndi luso lomanga nkhani yaitali. Ku Los Angeles anaphunzitsidwa ndi Frank Daniel, mphunzitsi wochokera ku Czechoslovakia, amene Lynch ankamutamanda moyo wake wonse. Daniel ankawauza kuti alembe zochitika 70, chilichonse pa kakhadi kake, ndipo akatero ali ndi filimu yathunthu. The Elephant Man ya 1980, yomwe Mel Brooks, mwini kampani yopanga mafilimu, anamupatsa ataonera Eraserhead, inamuphunzitsa kugwira ntchito ndi osewera akuluakulu a ku England ndi nkhani yoyenda mwadongosolo, ndipo inapikisana nawo pa mphoto za Oscar zisanu ndi zitatu. Kulephera kwa Dune mu 1984 kunamuphunzitsa kuti asadzalolenso wina kukhala ndi mawu omaliza pa kadulidwe ka filimu yake. Nyimbo za Angelo Badalamenti, zomwe ambiri sangathe kuzilekanitsa ndi dzina la Lynch, zinayamba ndi Blue Velvet. Nthabwala zake, kalankhulidwe ka anthu a m'tauni yaing'ono, nkhani za apolisi ofufuza milandu zomwe analemba ndi Mark Frost, zonsezi simungazipeze m'mitu ya pulasitala ija. Wonena kuti zonse zinalimo akumulanda zaka makumi anayi za kuphunzira.

Mawu oti surrealism, omwe amatanthauza luso lotulutsa zinthu zonga maloto ndipo anthu amakonda kuwatchula pa ntchito za Lynch, nawonso tiwagwire mosamala. Gulu la dzina limeneli linayamba ku Paris, André Breton atalilengeza mu 1924, ndipo filimu yake yodziwika kwambiri ndi Un Chien Andalou ya Luis Buñuel ndi Salvador Dalí ya 1929. Anthu amenewo anali ndi mfundo zolembedwa, ankawerenga Freud, katswiri wa za maganizo ndi maloto, ndipo ankafuna kugwedeza tchalitchi ndi anthu apamwamba. Lynch sanachokere m'gulu lililonse. Iye mwini ankanena kuti pamene ankayamba ankadziwa zochepa kwambiri za mafilimu. Anafika pa zinthu zonga maloto kudzera pa chinsalu chakuda, ndipo n'chifukwa chake ankakana kumasulira ntchito zake. Inu mukapenta mtambo wofiirira simuyembekezera kuti wina akufunseni kuti ukuimira chiyani. Ndingakulangizeni kuti muziwaonera momwemo: yambani mwafunsa kuti mdimawu ukulemera bwanji, phokosoli likuchokera kuti, musanafunse tanthauzo.

Chomwe chimandigwira mtima n'chakuti kumapeto kwa ntchito yake anabwerera ku kagwiridwe ka mnyamata wa ku Philadelphia uja mwadala. Inland Empire ya 2006 anaijambula ndi kamera yaing'ono ya Sony PD-150, nthawi zambiri ataigwira yekha, akulemba zochitika pamene ntchito ikuyenda. Ndipo gawo lachisanu ndi chitatu la Twin Peaks ya 2017, patatha zaka 50 chipangireni Six Men Getting Sick, kwa mphindi zambiri limasiya kukhala nkhani n'kusanduka chithunzi choyenda. Kamera ikulowa m'mtambo wa bomba la atomiki loyamba, lomwe linaphulitsidwa ku New Mexico pa 16 Julayi 1945, ndipo timangoona moto, madontho ndi mitundu. Mumdima chinthu china chikusanza. Chakumapeto kamtsikana kali pabedi, chilombo chikukakwawira kukamwa. Lynch anali ndi zaka 71, ndalama za kampani ya Showtime zili m'manja, ndipo dzina lake linalembedwanso monga wokonza mawu.

Ngati mukufuna kudziyesera nokha zomwe olemba aja amanena, onerani The Alphabet, The Grandmother ndi gawo limeneli motsatizana tsiku limodzi. Muzimitse magetsi, chifukwa m'chipinda chowala mdima wake umangooneka ngati sikirini yakufa, ndipo muvale mahedifoni, chifukwa sipika ya foni imadula mkokomo wapansi uja womwe iye ndi Splet anauvutikira miyezi iwiri.